Tete ndi Zambezi: mmene miyala ndi madzi zidasankhira malo a mzinda

Amalawi ambiri amaudziwa mzinda wa Tete kudzera pa windo la basi. Wopita ku Harare kapena ku Joni akadinditsa pasipoti pa Mwanza ndi pa Zobue, msewu umayamba kutsetsereka, kamphepo kayeziyezi ka kumapiri kamatsalira m'mbuyo, ndipo m'malo mwa masuku mumayamba kuona milambe, tsanya ndi masawu. Pofika ku Moatize thukuta lili kamukamu. Kenaka mumatulukira pa mtsinje waukulu, kuwoloka mlatho, ulendo n'kumapitirira. Chimene ambiri amakumbukira ndi kutentha basi. Ndiye munthu akhoza kufunsa kuti anthu adaganiza bwanji kumanga mzinda pamalo otentha chonchi, pamiyala, pamene mvula ndi yoperewera, chonsecho kumtunda ku Angonia kuli nthaka yachonde ndi nyengo yabwino. Komatu mzinda umenewu wakhalapo zaka pafupifupi 500, ndipo Blantyre, Harare ndi Lusaka ndi ana kwa iwo.

Yankho lili m'maonekedwe a chigwa cha Zambezi. Mtsinjewu umachokera kudera la Mwinilunga, kumpoto chakumadzulo kwa Zambia, ndipo umayenda makilomita oposa 2,500 usanakathire m'nyanja ya Indian Ocean. Koma kuti za Tete zimveke, tiuyende chobwerera, kuchokera kunyanja kukwera kumtunda, monga ankachitira amalonda akale. Kumunsi mtsinje ndi wotambalala, wodzaza zilumba ndi milu ya mchenga imene imasuntha chaka ndi chaka. Pakati pa Sena ndi Mutarara ndi potakata moti mlatho wa njanji wa Dona Ana, umene adautsegula mu 1935, udatalika makilomita oposa 3.6. M'chilimwe madzi amaphwa, bwato lolemera limakakamira pamchenga, ndipo opalasa ankasiya nkhafi n'kumakankha ndi mitengo italiitali, pena kutsika n'kumalikoka. Kumtunda kwake kuli mpata wa Lupata, pamene mapiri amaufinya mtsinje mpaka kutsala mamita ngati 200 m'lifupi. Madzi a pamenepa ndi akuya komanso othamanga, koma bwato limadutsa. Mukapyola Lupata chigwa chimatsegukanso, ndipo m'menemo, makilomita oposa 400 kuchokera kunyanja, ndi mmene muli Tete.

Mukapitirira kumtunda, ulendo wa pamadzi umathera panjira. Kumeneko mtsinje udaboola miyala yolimba kwambiri n'kupanga mpata wautali wa Cahora Bassa. Damu lisanamangidwe, madzi ankagwa m'mathithi otsatizana pakati pa matanthwe, akuzungulira m'maenje akuya, ndipo m'dzinja ankakwera mamita ambiri m'makoma a mpatawo. Bwato la katundu silikadadutsapo. Choncho nsalu za ku India, mikanda, mfuti ndi onga zinkayenera kutsitsidwa kumunsi kwa mathithiwo n'kusenzedwa pamutu. Apa m'pamene pagona nkhani yonse. Malo amene katundu amachoka m'bwato kupita pamutu pa munthu sakhalitsa opanda mudzi. Pamafunika nyumba zosungiramo katundu, alonda, amtengatenga, amayi ogulitsa ufa ndi mowa, osema mabwato, otanthauzira zilankhulo, wina wokongoza nsalu ndi wina woweruza mlandu wokongolayo akazemba. Amalonda amadikira kuti madzi akwere kapena aphwe, amadikira kuti gulu la apaulendo likwane, ndipo podikirapo amakwatira, amabereka, amamanga. Kinshasa ndi Brazzaville zidayambanso chonchi, pamene mathithi a mtsinje wa Congo amadula ulendo wa pamadzi.

Nanga bwanji pamalo penipenipa, osati kumtunda kapena kumunsi pang'ono? Gombe la kumwera pa Tete ndi la thanthwe. David Livingstone atafikapo mu 1856 adalemba kuti miyala ya pamalopo idapindika mizeremizere, nyumba zili pamwamba pa mizereyo, makwalala ali m'mipata ya pakati. Gombe lotere silikokoloka, madzi osefukira salimiza, ndipo linga la miyala likhoza kumangidwa pafupi ndi madzi kuti liziona bwato lililonse lodutsa. Pamenepa mtsinje umayenda m'khwawa limodzi losafika kilomita m'lifupi, kotero kuwoloka n'kosavuta poyerekeza ndi ku Sena. Palinso mitsinje iwiri imene imathira mu Zambezi chakumunsi kwa mzindawu. Revubue amachokera kumpoto, ku mapiri a Angonia kufupi ndi malire a Dedza ndi Ntcheu. Luenha amachokera kumwera, atalandira madzi a Mazowe ochokera ku Zimbabwe. Kwa munthu woyenda pansi, chigwa cha mtsinje ndiye msewu, chifukwa muli madzi akumwa, midzi yogulamo chakudya, ndipo zitunda zake n'zokwereka. Motero Tete adapezeka pa mphambano ya njira ya pamadzi yochokera kunyanja ndi njira za miyendo zokwera kumapiri a mbali zonse ziwiri.

Kutentha kuja kumachokera pa chifukwa chomwechi. Mzindawu uli pansi m'chigwa, posafika mamita 200 pamwamba pa nyanja ya mchere, pamene Blantyre ali pa mamita oposa 1,000. Mu Okutobala ndi Novembala kutentha kumapyola madigiri 40 kawirikawiri. Chimanga cha m'munda wodalira mvula n'chosadalirika, n'chifukwa chake anthu a kuno, Anyungwe, akhala akudalira mapira, mbuzi, nsomba ndi madimba a m'mbali mwa mtsinje. Pamalopa anthu adasankha doko, ulimi udali wachiwiri.

Oyamba kuona phindu la dokoli sadali Apwitikizi. Amalonda achisilamu a m'mbali mwa nyanja, Aswahili, ankakwera kale Zambezi kukagula golide wa ufumu wa Mwene Mutapa kumapiri a Zimbabwe. Apwitikizi atakhazikika pa Sofala mu 1505 adaona kuti golide wambiri akuwazemba podzera mu Zambezi, ndiye adalondola njira yomweyo, ndipo pofika zaka za m'ma 1530 adali atakhala pa Sena ndi pa Tete. Wansembe Gonçalo da Silveira ataphedwa ku likulu la Mwene Mutapa mu 1561, dziko la Portugal lidatumiza gulu lalikulu la nkhondo motsogozedwa ndi Francisco Barreto kuti likalande migodi. Chigwa chidawakana. Malungo adapulula asilikali, akavalo adafa ndi kashembe, ndipo Barreto mwiniwake adamwalira pa Sena mu 1573. Amene adakhalitsa ndi amalonda amene adakwatira akazi a m'dziko, kuphunzira chilankhulo, n'kumalipira msonkho kwa mafumu kuti azigulitsa nsalu m'misika ya kumwera monga Massapa, Luanze ndi Dambarare.

Tsidya la kumpoto ndi limene likutikhudza kwambiri ife olankhula Chichewa, chifukwa limeneli lidali dziko la Amaravi. Kalonga, Undi ndi Lundu ankalamulira kuyambira pagombe la Zambezi mpaka kunyanja ya Malawi ndi ku Luangwa, ndipo Tete adali khomo lawo lotulukira ku malonda a kutali. Kuchokera kwa Amaravi kunkabwera minyanga ya njovu, makasu a chitsulo, nsalu za thonje zotchedwa machila ndi chakudya. Ubalewu sudali wa mtendere nthawi zonse. Mu 1592 ankhondo amene Apwitikizi ankawatcha Azimba, omwe olemba mbiri ambiri amawagwirizanitsa ndi Lundu, adagonjetsa ndi kupha akuluakulu a asilikali a Sena ndi Tete. Patangopita zaka zochepa mfumu ya Amaravi, Muzura, idali kubwereka ankhondo ake kwa Apwitikizi, iwonso n'kuithandiza kugonjetsa Lundu. Mu 1616 Mpwitikizi wina, Gaspar Bocarro, adanyamuka pa Tete, kudzera kwa Muzura, kuwoloka Shire n'kukafika ku Kilwa pansi. Zimene adalemba zili m'gulu la zolemba zakale kwambiri zofotokoza dziko limene lero tikuti Malawi. Likulu la Undi lidali ku Mano, kumpoto kwa Tete, lisanasamukire ku Mkaika m'boma la Katete. N'chifukwa chake mpaka lero m'maboma monga Chifunde, Macanga ndi Angonia mukalankhula Chichewa palibe amene angakutcheni mlendo, ndipo mafumu a kumeneko amapita ku Kulamba pamodzi ndi a ku Malawi ndi Zambia.

Mu 1693 Changamire, mfumu ya Arozvi a ku Zimbabwe, adawononga msika wa Dambarare n'kuthamangitsa Apwitikizi kumapiri a kumwera. Mzinda wodalira njira imodzi ukadathera pomwepo. Tete adangotembenuka. Amalonda adakatsegula msika pa Zumbo, pamene Luangwa amathira mu Zambezi, ndipo katundu ankasenzedwa kuchokera pa Tete kulambalala mathithi mpaka ku Chicoa, n'kukakweranso m'mabwato. Ena adayamba kukumba golide m'dziko la Undi. Maulendo opita kwa mfumu Mwata Kazembe ku Luapula ankayambiranso pano: wa Francisco de Lacerda mu 1798, amene adakafera komweko, ndi wa Monteiro ndi Gamitto mu 1831.

Mphamvu zenizeni m'chigwamu sizidali m'manja mwa bwanamkubwa wa m'linga. Zidali ndi eni maprazo, minda ikuluikulu imene mfumu ya ku Portugal inkabwereketsa kwa mabanja kwa mibadwo itatu, kawirikawiri kudzera mwa ana aakazi. Mabanjawa adali osakanikirana magazi a Chipwitikizi, a ku Goa m'dziko la India ndi a Chiafrika, ndipo aliyense adali ndi ankhondo ake, Achikunda, akapolo amene ankasaka njovu, kutolera msonkho ndi kuperekeza katundu. Malonda a akapolo atakula kumapeto kwa zaka za m'ma 1700 ndi m'ma 1800, njira zija zimene zinkatsitsa minyanga zidayamba kutsitsa anthu kupita ku Quelimane. Amang'anja ndi Achewa ambiri adadutsa pa Tete atamangidwa goli. Nkhani imeneyi siyenera kulumphidwa pofotokoza ubwino wa malo a mzindawu, chifukwa doko labwino lidathandiza wogulitsa anthu monga lidathandizira wogulitsa makasu.

Mtsinje wokhala njira yokhayo uli ndi vuto lake. Amene wakhala pakhosi pake amakutsamwitsani. Banja la da Cruz lidamanga linga pa Massangano, pafupi ndi pamene Luenha amathira mu Zambezi, pakati pa Tete ndi Lupata. Nhaude wa banjali ndi mwana wake Bonga ankaimitsa mabwato n'kumalipiritsa mmene afunira. Pakati pa 1867 ndi 1869 Apwitikizi adatumiza magulu a nkhondo angapo, onse n'kugonja, ndipo Massangano adagwa mu 1888. Nthawi yonseyo Tete adali ngati nyumba imene kiyi wa chitseko chake ali m'thumba la mnansi.

Tsopano tifike pamene mathithi a Cahora Bassa adalowerera m'mbiri ya Malawi, nkhani imene ndimaona kuti sitiiphunzitsa mokwanira. Livingstone potsika Zambezi mu 1856 adalambalala mpatawo kudzera kumtunda, ndiye sadaone kuopsa kwake. Adakauza anthu ku Britain kuti Zambezi ndi msewu wotseguka wolowera pakati pa Africa, ndipo boma lidamupatsa ndalama ndi sitima ya nthunzi, Ma Robert. Cholinga chake chidali kukwera mpaka ku mapiri a Batoka, kumwera kwa Zambia ya lero, kukayambitsa ulimi wa thonje ndi mishoni. Mu Novembala 1858 adanyamuka pa Tete kukaona mathithiwo, ndipo adapeza kuti sitima singadutse ngakhale pang'ono. Pofuna kupulumutsa ulendo wake adabwerera kumunsi n'kulowa mu Shire mu Januwale 1859. Kumenekonso mathithi a Kapichira adamuimitsa, koma adapitirira pansi, kuona nyanja ya Chilwa, ndipo mu Seputembala chaka chomwecho adafika pa nyanja ya Malawi. Zotsatira zake tikuzidziwa: a UMCA ku Magomero mu 1861, a Livingstonia ku Cape Maclear mu 1875, a Blantyre Mission mu 1876, kampani ya African Lakes mu 1878, ndi ulamuliro wa Britain mu 1891. Ena mwa Amakololo amene ankayenda naye adakhazikika kuchigwa cha Shire n'kukhala mafumu, ndipo maina monga Kasisi, Maseya ndi Katunga akadalipo ku Chikwawa. Zambezi akadakhala wosalala pa Cahora Bassa, maso a amishoni a ku Scotland akadaloza kwina, ndipo mapu a dera lino akadakhala ena.

Kwa Tete, zaka zotsatira zidali zakugwa. Pangano la 1891 pakati pa Britain ndi Portugal lidasiya chigawo cha Tete chitalowerera pakati pa maiko atatu a Angerezi, malire ake akudula mafuko pakati, monga aliyense woyenda pa msewu wa Dedza ndi Ntcheu amaonera. Malonda a minyanga adatha, ukapolo udatsekedwa, ndipo njanji zidalanda ntchito ya mtsinje. Njanji ya ku Rhodesia idapita ku Beira, ya ku Nyasaland idawolokera pa Dona Ana. Imene idabwera kuno mu 1949 idathera pa Moatize, tsidya la kumpoto, chifukwa inkatsata malasha osati mzinda. Tete adatsala tauni ya maofesi a boma, yowolokera pa pantoni, imene anyamata ake ankathawa chibalo, ntchito yokakamiza ya Apwitikizi, kupita ku mafamu a ku Rhodesia, ku migodi ya ku Joni ndi ku minda ya tiyi ya ku Nyasaland.

Chidaudzutsa ndi mpata womwe uja. Chimene chidali chopinga kwa woyendetsa sitima chidali chuma kwa injiniya: mtsinje waukulu wofinyidwa pakati pa makoma a miyala yolimba, pamene khoma lalifupi likhoza kusunga madzi ochuluka zedi. Ntchito yomanga damu la Cahora Bassa idayamba mu 1969 ndipo madzi adayamba kudzaza mu 1974. Khomalo ndi lalitali mamita 171 kuchokera pansi kupita m'mwamba, nyanja yake imafika kufupi ndi Zumbo, ndipo makina ake amatha kupanga mamegawati 2,075. Simenti, zitsulo ndi asilikali zinkafunika misewu, ndipo nthawi yomweyi ndi pamene mlatho wolenjekeka pa zingwe za chitsulo udamangidwa pa Tete, pamalo opapatiza aja. Adaukonza ndi injiniya Edgar Cardoso, udatsegulidwa mu 1973, ndipo lero umatchedwa Samora Machel. Kuyambira pamenepo ntchito ya mzindawu idasintha. Kale anthu ankabwera pa Tete chifukwa choyenda motsata mtsinje, tsopano amabwera kudzaudutsa chopingasa.

Zonsezi zinkachitika nkhondo ili mkati. Frelimo idatsegula nkhondo m'chigawo cha Tete mu 1968 polowera ku Zambia, ndipo Apwitikizi adasonkhanitsa anthu m'midzi yozingidwa ndi waya kuti asamadyetse omenyera ufulu. Anthu masauzande ambiri adachotsedwanso m'chigwa chimene chidamira ndi damu. Pa 16 Disembala 1972 asilikali a Chipwitikizi adapha anthu mazanamazana ku Wiriyamu ndi midzi yoyandikana nayo, kumwera kwa Tete. Dziko lidadziwa kudzera mwa ansembe achikatolika, nkhaniyo itatuluka m'nyuzipepala ya The Times ku London mu Julayi 1973. Nduna yaikulu ya Portugal ya nthawiyo, António Costa, idapepesa mu 2022, patapita zaka 50.

Magetsi a damuli adakonzedwera South Africa. Nthambo zake zimayenda makilomita pafupifupi 1,400 kukafika ku Apollo pafupi ndi Johannesburg, ndipo ndi za mtundu umene sungapatutsidwe panjira kuti uunikire midzi imene zikudutsamo. Ngakhale dziko la Mozambique lidalandira ufulu mu 1975, gawo lalikulu la kampani ya damuli lidakhalabe la Portugal mpaka 2007. Malawi nayenso wayang'ana komweko, ndi nthambo zochokera ku Matambo pafupi ndi Tete kudzafika ku Phombeya m'boma la Balaka.

Amene adataya kwambiri ndi alimi a kumunsi kwa damu, ndipo apa m'pofunika kufotokoza bwino. Kale Zambezi ankasefukira chaka chilichonse chakumapeto kwa dzinja, n'kusiya dothi lakuda lachonde pazilumba ndi m'mbali mwa mtsinje. Madzi akamaphwa, mlimi ankatsatira pambuyo pake akubzala chimanga, nyemba, mbatata ndi maungu pachinyontho chotsalacho, mzere ndi mzere, kutsika nawo mtsinje. M'dziko la mvula yochepa, mbewu za kudimba zimenezi ndi zimene zinkapulumutsa banja mapira a kumtunda akapserera, ndipo m'nthawi ya maprazo madimba a ku Tete ankabereka ngakhale tirigu. Nsomba nazo zinkaswana m'madambo osefukira. Damu la Kariba mu 1959 ndi la Cahora Bassa pambuyo pake adasokoneza kalendala imeneyi. Dothi lachonde limakhazikika pansi pa nyanja ya damu, madzi otuluka amakhala oyera ndipo amakokolola magombe m'malo mowamanga. Madzi amatsegulidwa potsata zofuna za makina ndi chitetezo cha khoma, moti akhoza kukwera pa nthawi imene mbewu zili m'dimba n'kuzimiza. Mlimi amene agogo ake ankawerenga mtsinje poona mwezi ndi mitambo tsopano amadalira chidziwitso cha pa wailesi, ngati chafika. Kumtunda kwa khoma kudabwera usodzi wa kapenta, koma umenewo ndi wa eni mabwato a injini ndi magetsi, si wa munthu wa ukonde umodzi.

Pa nkhondo ya pachiweniweni, imene idatha mu 1992, mlatho wa Tete udali moyo wa Malawi. Njanji za ku Beira ndi Nacala zitawonongedwa, katundu wathu wambiri ankadzera msewu wa Nyamapanda, Tete ndi Zobue, malole ali pamdipiti moperekezedwa ndi asilikali a ku Zimbabwe. Madalaivala akuluakulu amaikumbukira njirayi ndi mantha mpaka lero. Anthu a m'midzi adathawira m'tauni kapena kudutsa malire, ndipo Malawi adasunga othawa nkhondo pafupifupi 1 miliyoni, ambiri mwa iwo ochokera chigawo chimenechi.

Malasha nawo ndi mphatso ya chigwa chomwechi. Zaka zoposa 250 miliyoni zapitazo dera lino lidali dambo lalikulu lotitimira, ndipo zomera zimene zinkakwiririka m'matope zidasanduka malasha a ku Moatize. Livingstone adawaona m'mbali mwa timitsinje tothira mu Revubue. Adakumbidwa pang'onopang'ono kwa zaka zambiri, koma chipwirikiti chidayamba kampani ya Vale ya ku Brazil itapatsidwa malo mu 2004 n'kuyamba kutumiza malasha kunja mu 2011. Chaka chomwecho kampani ina ya migodi, Rio Tinto, idagula kampani ya Riversdale, mwini mgodi wa Benga, pa ndalama pafupifupi madola 4 biliyoni. Chiyembekezo chidali chotsitsa malasha pa mtsinje mpaka kunyanja. Ndi maloto a Livingstone omwe aja atavala zovala zina, ndipo Zambezi wa michenga yosuntha sadasinthe. Pakadafunika kukumba khwawa kosalekeza, boma la Mozambique lidakana, ndipo mu 2014 Rio Tinto idagulitsa migodiyo pa madola 50 miliyoni okha. Ife tikukumbukira doko la Nsanje limene lidatsegulidwa mu 2010 podalira mtsinje womwewu. Vale idasankha njanji, ndipo poti Malawi adalowa pakati pa Moatize ndi doko lakuya la Nacala, njanji ya makilomita 912 idadutsa kwathu, ku Mwanza, Neno, Nkaya, Liwonde ndi Nayuchi. Mu 2022 Vale idagulitsa zonse kwa kampani ya Vulcan.

Mabanja oposa 1,000 adasamutsidwa kuti mgodi wa Vale upeze malo, ambiri kupita ku Cateme, makilomita pafupifupi 40 kuchokera ku Moatize. Adachoka kufupi ndi mtsinje ndi msika, kumene ankalima madimba, kuumba njerwa ndi kuotcha makala, n'kukaikidwa pamtunda pouma. Mu Januwale 2012 adatseka njanji podandaula za nthaka yosabereka ndi nyumba zong'aluka. Amene adakonza zowasamutsa adawerenga nyumba ndi mahekitala, osawerenga mtunda wochoka pakhomo kufika pamadzi, chonsecho m'chigwa cha Zambezi mtunda umenewo ndiwo umasiyanitsa wokhuta ndi wanjala. Golide, minyanga, anthu, magetsi, malasha: zonse zadutsa pa Tete kupita kwina, ndipo zimene zatsalira eni dera n'zochepa kwambiri poyerekeza ndi zimene zadutsa. Mapiri ndi mathithi adapanga mzindawu kukhala podutsira, koma kagawidwe ka phindu adakonza ndi anthu, ndipo akadatha kukonza mwina.

Chiwerengero cha anthu chikuonetsa liwiro la kusinthaku. Mu 1997 mumzindamu mudali anthu pafupifupi 100,000, mu 2007 oposa 150,000, ndipo mu 2017 oposa 300,000. Mizere ya thanthwe ija idadzaza kalekale, ndiye mzinda udawolokera tsidya la kumpoto, ku Matundo ndi Chingodzi kumene kuli bwalo la ndege, n'kumatambalala kulowera ku Moatize. Mlatho wakale utalemedwa ndi malole, wachiwiri wa Kassuende udatsegulidwa mu 2014 chakumunsi, kuti magalimoto olemera azilambalala pakati pa tauni. Vuto n'lakuti malo ambiri atsopanowa ali m'chigwa cha Revubue, mtsinje wopanda damu lalikulu, umene umatsitsa mvula ya ku mapiri a Angonia mwadzidzidzi ngakhale pa Tete pasanagwe dontho. Zambezi akakhala wodzaza, madzi a Revubue amasowa kothira n'kubwerera m'makomo. Mu Malichi 2019 madzi adalowa m'nyumba za m'mbali mwa mtsinjewu usiku. Mu Januwale 2022 namondwe Ana, yemwe adawononganso damu lathu la Kapichira, adagwetsa mlatho wa Revubue wolumikiza Tete ndi Moatize. Akuluakulu adati madzi saiwala khwawa, ndipo osauka ndiwo amamanga m'khwawamo chifukwa n'potsika mtengo.

Kuseri kwa tauni yakale kuli chigwa cha Nhartanda, njira yakale ya madzi a Zambezi imene idadzaza mchenga. Mchengawo umasunga ndi kusefa madzi, ndipo zitsime zakuya za m'menemo zimamwetsa mbali yaikulu ya mzinda, pamwamba pake anthu akulima ndiwo zamasamba. Nyumba, zimbudzi ndi zinyalala zikamayandikira m'chigwachi, madzi akumwa a mzinda wonse ndiwo ali pachiswe, ngakhale mtsinje waukulu ukudutsa pakhomo.

Pakati pa Cahora Bassa ndi Tete patsala mpata wina, Mphanda Nkuwa, makilomita pafupifupi 60 kumunsi kwa damu loyamba. Boma likufuna kumangapo damu la mamegawati 1,500, ndipo mu 2023 lidasankha gulu la makampani lotsogozedwa ndi EDF ya ku France. Dera lathu lonse likusowa magetsi, ndipo Mmalawi amene amadziwa kuzimazima sangapeputse zimenezo. Koma damu limeneli lidzakhala pafupi kwambiri ndi mzinda. Ngati makina ake azidzatsegulidwa ndi kutsekedwa potsata maola amene magetsi akufunika kwambiri, madzi pagombe la Tete azidzakwera ndi kutsika tsiku lililonse, ndipo oyamba kuziona adzakhala alimi a pazilumba, asodzi ndi amayi ochapa kumtsinje. Malamulo a katsegulidwe ka madzi, ndi njira yochenjezera anthu a kumunsi m'Chinyungwe ndi m'Chisena nthawi isanathe, ziyenera kulembedwa m'pangano simenti yoyamba isanathiridwe, chifukwa pa Cahora Bassa sizidalembedwe.